Kondakitala wachotsedwa ntchito pa mlandu wa shoteji, angakasume kuti?

Achimwene, mwafunsa za mng'ono wanu amene wagwira ukondakitala pa kampani ya mabasi zaka 6, ndipo amuchotsa kudzera pa foni inspekita atapeza anthu atatu opanda tikiti m'basi. Mpata wokasuma ulipo, koma musachedwe. Gawo 62 la Employment Act ya 2000 (lamulo la za ntchito) limapereka miyezi itatu kuchokera tsiku lochotsedwa kuti munthu akadandaule kwa District Labour Officer. Ambiri amataya nthawi imeneyi akuyenda kwa bwana, bwana n'kumati "ubwere Lolemba tidzakambirane".

Pa gawo 57 pali zinthu ziwiri, ndipo kampani iyenera kukwaniritsa zonse. Pakhale chifukwa chomveka chokhudza khalidwe kapena kagwiridwe ka ntchito, ndiponso munthuyo apatsidwe mpata wodziteteza asanamuchotse. Makampani a mabasi amagwa kwambiri pachiwirichi. Inspekita akakwera panjira n'kulemba lipoti, a kudepoti amangolitenga ngati chigamulo. Lipotilo ndi chinenezo chabe. Mng'ono wanu anayenera kuuzidwa mlandu wake momveka, kupatsidwa nthawi yokonzekera, kenako kumvedwa ndi munthu amene si womunenezayo. Anthu atatuwo mwina anali atangokwera pa siteji ya kumbuyo tikiti isanalembedwe, mwina buku la matikiti linali litatha. Zimenezi zimatuluka pokhapokha munthu akafunsidwa.

A kampani angakuuzeni kuti gawo 59 limawalola kuchotsa munthu pompopompo akalakwa kwambiri. N'zoona, koma chimene gawolo limachotsa ndi notisi yokha. Kumva mbali ya wantchito kumakhalabe pomwepo. Ndipo malinga ndi gawo 61, kampani ndiyo iyenera kuonetsa chifukwa chake ndi kuti inachita mwachilungamo, osati mng'ono wanu kutsimikiza kuti sanabe.

Asonkhanitse lero lomwe mapeyisilipi, ID ya kuntchito, mauthenga a pa WhatsApp, zithunzi za waybill (pepala lolembapo matikiti ogulitsidwa pa ulendo) ndi malisiti operekera ndalama za tsikulo. Alembe kalata yopempha chifukwa chomuchotsera, asunge kope. Asasaine kalata yoti wasiya yekha ntchito kapena pepala loti "ndalandira zonse", ngakhale amuuze kuti n'kumuthandiza kuti mbiri isaipe. Kusowa kwa kontirakiti yolembedwa kusamufooketse, pangano la pakamwa ndi pangano ndithu. Chovuta, makamaka kwa a minibasi olipidwa pamanja, n'kuonetsa tsiku loyamba ntchito ndi malipiro ake, choncho mboni ngati dalaivala mnzake imathandiza.

Ku Labour amaitana mbali zonse ziwiri kuti agwirizane. Zikakanika pakatha mwezi umodzi, nkhani imapita ku Industrial Relations Court (khoti la milandu ya ntchito), ku Blantyre, Lilongwe kapena Mzuzu. Munthu angathe kudziimira yekha, komanso a Legal Aid Bureau alipo kwa osowa ndalama za loya. Milandu kumeneko imatenga nthawi, akonzekere mtima.

Za ndalama tisanamizane. Gawo 63 limalola khoti kumubwezera pantchito kapena kulamula chipukuta misozi, ndipo linaika mlingo wotsikitsitsa: malipiro a sabata imodzi pa chaka chilichonse kwa amene sanapitirire zaka 5, masabata awiri kupitirira 5 mpaka 10, atatu kupitirira 10 mpaka 15, mwezi wathunthu kupitirira apo. Pa zaka 6 ndiye kuti masabata 12 kupita m'mwamba. Koma khoti limaonanso ngati wantchito anadzichititsa yekha. Ngati ndalama za anthu atatuwo anaziikadi m'thumba, akhoza kupambana pa nkhani yosamvedwa koma ndalamazo n'kuchepa. Mumufunse paseri akuuzeni zoona musanawononge thiransipoti.

Ngati anamutengera kupolisi n'kumasulidwa, zimenezo pazokha sizikakamiza kampani kumubweza, chifukwa umboni wofunika pa mlandu wakuba ndi wolemera kuposa wa pantchito. Malipiro a masiku amene anagwira ndi a tchuthi chimene sanapite ndi ake, kaya analakwa kaya ayi, ndipo ayenera kuperekedwa pasanathe masiku 7. Akakana ponena kuti akubweza shoteji, nazonso akazitchule ku Labour tsiku lomwelo.