Mabuku a ku Ukraine m'Chingelezi: poyambira pake

Achimwene, mwafunsa kuti muyambire pati powerenga mabuku a ku Ukraine poti chilankhulo chawo simuchimva. Ine ndingati yambani ndi Serhiy Zhadan wa ku Kharkiv. Buku lake, The Orphanage, linatuluka m'Chingelezi mu 2021. Likukamba za mphunzitsi amene akudutsa pakati pa nkhondo ku Donbas, chigawo cha kum'mawa kwa Ukraine, kukatenga mwana wa mlongo wake kusukulu yogonera komweko. Ulendo wa masiku atatu okha, koma mumawerenga mtima uli m'mwamba.

Ndakatulo za Taras Shevchenko, za m'buku lake lotchedwa Kobzar la mu 1840, zisiyeni kaye. Kwa ine m'Chingelezi zimasukuluka. Mukadzazifika, George Grabowicz wa ku yunivesite ya Harvard anazifukula mozama m'buku lake la mu 1982.

Andrey Kurkov nayenso ngwabwino, kungoti nthano zake zambiri amalemba m'Chirasha.