Tsiku la Msonkhano Linali M'ndime Yomaliza

Mayi wina wa ku Zomba wandilembera imelo kudandaula kuti zimene amalemba pa Facebook zokhudza ulimi wa tomato anthu saziwerenga mpaka kumapeto, ndipo akufunsa ngati vuto ndi la owerenga. Mayi, funso lanu landikumbutsa manyazi anga.

Chaka chatha abale anandituma kuitanira anthu ku msonkhano wokambirana za chiliza cha malemu agogo athu. Uthengawo ndinaulemba pa WhatsApp monga mmene tinkalembera makalata ku pulayimale: ndinayamba ndi moni, ndinafunsa za moyo wa ana, ndinadandaula za kuchedwa kwa mvula, ndinafotokoza ubwino wa agogo, ndipo tsiku ndi malo ndinaziika m'ndime yomaliza. Unatalika kwambiri moti WhatsApp inaudula pakati, mbali yotsalayo n'kubisika. Anafika anthu atatu okha. Amalume anandiuza mosapsatira kuti atawerenga za mvula anaganiza kuti ndikungowalonjera, n'kubwezera foni m'thumba.

Ndinakwiya masiku angapo, n'kumanena kuti anthu a masiku ano ndi aulesi. Lero mawu amenewo ndikuwakana kwamtuwagalu. Munthu amene akuwerenga ali mu minibasi, bandulo ikutha, batire latsala pang'ono chifukwa magetsi anathima kuyambira m'mawa, si waulesi ayi. Mwambo wathu woyamba ndi malonje aatali unakulira pamphasa, pamene mlendo sanganyamuke mwininyumba asanatsirize kulankhula, koma pafoni munthu amakuthawa ndi chala chimodzi popanda kutsanzika.

Chodabwitsa n'chakuti luso lofupikitsali tinali nalo. Pamene SMS imodzi inkalola zilembo 160, ndipo kupitirira pamenepo kunali kulipira uthenga wachiwiri, palibe amene ankafunsa za mbuzi asanatchule chimene akufuna. Twitter nayo inayamba mu 2006 ndi malire a zilembo 140, mpaka inawonjezera kufika pa 280 mu 2017. Titafika pa WhatsApp ndi Facebook, pomwe palibe malire ang'onoang'ono otere, ambirife tinamasuka mopitirira muyeso.

Tsono mayi, ngati mukulemba za chiwawu cha tomato, chiganizo choyamba chinene mmene mlimi angachizindikirire pamasamba ndi chimene achite lero lomwe. Moni ukhale wa mzere umodzi, nkhani ya feteleza muisungire tsiku lina, ndipo musanatumize muwerenge mokweza, n'kufufuta paliponse pamene mwalemba kuti "monga tonse tikudziwa".