Chifukwa chake nyumba za ku Breginj zimaoneka zatsopano

Achimwene, mwafunsa kuti bwanji Breginj, mudzi wakale wa ku Slovenia kufupi ndi malire a Italy, uli ndi nyumba zooneka ngati zamangidwa dzulo. Chinachititsa n'chivomezi. Pa 6 Meyi 1976 dziko linagwedezeka ku Friuli, tsidya la Italy, ndipo makoma a ku Breginj anang'ambika. Anthu akadali mkati mokonza, chinabweranso mu Seputembala. Akuluakulu a boma, nthawi imeneyo Slovenia ili mbali ya dziko la Yugoslavia, anangoti agwetse zonse, n'kuimika nyumba zobwera zopangiratu ku fakitale.

Ine ndimaona kuti anapupuluma, ngakhale kuti nyengo yozizira inali pakhomo ndipo anthu ankafunika pogona. Mudzi wakalewo unali wa nyumba zamiyala zogundanagundana, makonde amatabwa m'mwamba, tinjira topanikiza pakati. Chatsala ndi kagulu kamodzi kokha ka nyumba kotchedwa Ščirnov ograd, komwe lero ndi malo osungirako zakale.

Mukapitako, kwerani mpaka ku Robidišče, mudzi wakumadzulo kwenikweni kwa Slovenia. Malire a Italy, omwe anaikidwa mu 1947, anauzinga mbali zitatu, ambiri anasamuka, koma nyumba zamiyala zonga zija zikadalipo kumeneko.