Musanayatse kamera m'mudzi wa eni

Achinyamata ena a ku Chipata andifunsa kuti: "Agogo, tikufuna kujambula filimu ya alimi a m'mapiri a ku Vubwi, kalimidwe kawo ndi miyambo yawo. Tiyambire pati? Nanga gule tingamujambule?"

Adzukulu anga, ganizo lanu landikondweretsa kwambiri. Koma kamera iyambe yagona m'chikwama. Mukafika, pitani kwa anyakwawa, khalani pansi, ombani m'manja, fotokozani chimene mwadzera ndi kumene filimuyo ikaonetsedwe. Mukatero pemphaninso munthu aliyense payekha, chifukwa chilolezo cha anyakwawa sichikulowetsani m'khitchini ya mayi wa eni. Atsikana, chitenje musaiwale.

Ulimi sujambulika tsiku limodzi. Kaoneni kusosa mu Okutobala, kubzala mvula ikagwa, kupalira ndi kubandira mu Januwale nkhokwe itatsika, mpaka kukolola mu Meyi. Yang'anitsitsani mizere, mmene aipingasira pa phiri kuti madzi asakokolole nthaka. Mukaona ngala za chimanga chamakolo zitapachikidwa pamwamba pa moto, funsani agogo akewo. Akuuzani kuti ndi mbewu, ndipo utsi ndiwo umaiteteza kwa anankafumbwe. Funsaninso mtengo wa feteleza, ndi zimene mlimi amatsala nazo ngolo ikatsitsa nsawa kumsika. Chimene ndikukanizani ndi mtima wonse ndi kuuza munthu kuti avale sanza kapena avule nsapato kuti aoneke wosauka. Ameneyo ndi kholo la mnzanu.

Tsono za gule. Inde, UNESCO, bungwe la United Nations loona za maphunziro ndi chikhalidwe, inalemekeza Gule Wamkulu mu 2005, ndipo pa mwambo wa Achewa wa Kulamba ku Mkaika, ku Katete, amavina poyera pamaso pa Kalonga Gawa Undi chaka ndi chaka mu Ogasiti. Pabwalo jambulani, akulu a mwambo akalola. Kudambwe ayi, ngakhale mmodzi wa inu atakhala wolowa. Musafunse kuti wavinayo ndani, musamulondole ndi foni akamabwerera. Zimene anamkungwi amalangiza namwali m'tsimba nazonso si za pa Facebook. Pamaliro, yambani mwakhuza ngati anthu. Safunsa anadya phula.

Filimu ikatha, oyamba kuionera akhale eni mudzi. Nyamulani jenereta ndi nsalu yoyera, mukaionetse pabwalo pomwepo. Wina akati, "Apa ndaonekapo ine, chotsanipo," chotsani musanaiike pa YouTube.