Za mbira zija mwatsutsana pagulu

Eee, Naphiri, mkazi wanga wa ku Leeds, ndi agogo ako ano. Ndati ndingolankhula, chifukwa kulemba pafoni zala zimandikana, komanso magalasi ndawaiwala m'nyumba. Funso lako ndalimva. Agogo ako aakazi analemba dzulo pagulu pano kuti pa Khirisimasi tipha mbira zinayi, iwe n'kudabwa kuti chinthu chimene mumaimba m'kalasi ya nyimbo, chathabwa ndi tizitsulo, munthu angachiphe bwanji n'kudyera nsima. Kenaka amalume ako a ku Joni alowererapo kuti mbira ndi kanyama ka m'mapiri, sikawetedwa ayi. Ndaseka ndekha pakhonde pano mpaka kutsokomola. Palibe wanama mwa inu atatu. Kungoti aliyense wagwira mbira yakeyake.

Ndiyambe ndi ya amalume ako, chifukwa ndiyo mwini dzina. Mbira yeniyeni ndi kanyama ka m'matanthwe, kakulu ngati kalulu wonenepa, makutu aafupi, kopanda mchira. Ana a m'tauni masiku ano sakadziwa n'komwe, n'chifukwa chake mawuwa akumveka achilendo. Ife titabwera kuno ku Dedza tili anyamata, tinkaziona m'mawa uliwonse tikakwera phiri kokadyetsa mbuzi. Zimatuluka m'mapanga dzuwa likangotuluka, n'kugona pamwala mothinana, kuothera dzuwa ngati nkhalamba za pabwalo. Imodzi imakhala pamwamba payokha, mlonda. Ikaona chiwombankhanga kapena galu imalira kamodzi kokha, zonse zii, zalowa. Ukafuna kudziwa pamene pali mbira umayang'ana thanthwe limene lili ndi mizere yoyera yotsetsereka, chifukwa zimakodzera malo amodzi zaka ndi zaka. Mapazi ake ndi ofewa kunsi, onyowa pang'ono, ndiye zimathamanga pamwala woterera pamene iwe ndi ine tingagwe chagada.

Ukamuuze mphunzitsi wako ichi, aone kuti agogo ako choko sanadye chabe. Mbira imeneyi si mbale wa kalulu, si mbale wa khoswe. Akatswiri a zinyama anapeza kuti mwa nyama zapamtunda, mbale wake wapafupi ndi njovu. Mano ake awiri akumwamba amakula osaleka, ngati timinyanga. Ndipo kanyama kakang'ono chonchi kamakhala ndi bere miyezi 7, pamene kalulu mwezi umodzi waswa kale.

Dzina limeneli si lathu tokha. Ashona amati mbira, Azulu ndi Axhosa amati imbila. Ndi mawu amodzi akalekale, a makolo athu asanabalalikane. Za "l" ndi "r" usazitengere, m'kalembedwe kathu "r" timamuika pambuyo pa "i" kapena "e", n'chifukwa chake timalemba kulira koma kulima, mbira osati mbila. Achimwene anga malemu, amene anapita kumigodi pa Wenela, anabwera ndi mwambi wa Chizulu woti imbila yaswela umsila ngokuyalezela, kutanthauza kuti mbira inasowa mchira chifukwa chotumiza. Akuti tsiku logawa michira kunali kozizira, mbira n'kuchita ulesi, n'kumauza nyama zodutsa kuti mukanditengereko. Aliyense anabwera ndi wake yekha. Amalume ako a ku Joni amve bwino pamenepa, iwo amene katundu wathu amangopatsira anthu a pabasi, chaka chino chachitatu bulangete langa silinafike.

Ndiyeno pali chinthu china chimene chimandisangalatsa. Ukatsegula Baibulo lathu lakale lija la 1922, mbira ilimo. Pa Miyambo 30:26 akuitchula pakati pa tinthu tinayi tating'ono koma tanzeru, pamodzi ndi nyerere ndi dzombe, kuti ilibe mphamvu koma nyumba yake imamanga m'matanthwe. Pa Masalimo 104:18 ilinso, matanthwe ngati pothawira pake. Pa Levitiko 11:5 akuiletsa kudya. M'Chiheberi kanyamako amati shafan, ndipo ndi komweka ka m'mapiri a kwathu, kamapezeka kuyambira ku Cape Town mpaka ku Israel. Azungu pomasulira Baibulo lawo anavutika nako, chifukwa ku England kulibe, ndiye analemba kuti coney, mawu awo akale otanthauza kalulu. Kalulu amanga liti nyumba m'thanthwe? Ife sitinavutike, dzina linalipo kale, nyamayo tikuiona kuseri kwa tchalitchi. Pamenepa mlimi wa ku Linthipe amalimva vesi limenelo bwino kuposa m'busa wa ku London. Paja pa Levitiko akuti imabzikula. Kunena zoona siibzikula ngati ng'ombe, koma imayendetsa nsagwada uku ndi uku ikakhala phee, ndiye woiona patali amayesa ikubzikula. Mkulu wa mpingo wina kwathu kuno anakana kudya mbira za agogo ako chifukwa cha vesi limeneli. Ndinamuuza kuti bambo, zimene mukukanazi Mose sanazionepo.

Ndipo ndimanena zoona, chifukwa mbira za agogo ako, zimene zili m'khitchinimu pansi pa nsanja ya nkhuni, ndi alendo. Gwira mtima tsopano. Ndi tomwe tija inu kumeneko mumati guinea pig, timene anzako amasunga m'chipinda chogona n'kumatipatsa maina ngati ana. Kwawo ndi ku South America, kumapiri a Andes, maiko a Peru, Bolivia ndi Ecuador. Anthu a kumeneko anayamba kuziweta zaka zikwizikwi zapitazo, ndipo mpaka lero amadya, amazitchula kuti cuy potengera kulira kwake kuja, kwii kwii. Zinawoloka nyanja ndi zombo za azungu m'zaka za m'ma 1500, n'kumafalikira pang'onopang'ono. Zitafika kuno anthu anangoziyang'ana: kathupi kobulungira, makutu aafupi, mchira palibe, kokonda kubisala pangodya. Anati iyi ndi mbira basi. Sanapeke dzina latsopano, anabwereka la m'phiri. Lero mlendo uja walanda dzina, moti ukanena kuti mbira pamsika wa Lizulu, aliyense aganiza za m'khitchini. Usaseke makolo ako, Azungu anachita zoposa. Anaitcha nkhumba ya ku Guinea, chikhalirecho si nkhumba, ndipo ku Guinea sikwawo.

Agogo ako amazikonda chifukwa sizivuta. Udzu, kholowa, masamba a nthochi, timadeya pang'ono, basi. Pakatha miyezi iwiri ndi masiku ochepa zaswa, ana ake amabadwa ndi ubweya, maso ali otsegula, tsiku lomwelo akuyenda. Ndowe zake amathira kudimba. Mdani wake ndi mphaka ndi agalu a eni ake.

Dikira, nkhuku zalowa pa chimanga. Psuu! Eya.

Tsopano yako ija yoimba. Imeneyo ndi mawu ena, ochokera kwina, angokumana pakamwa. Zoterezi m'chinenero zimachitika. Taona mtengo umene timakhala pamthunzi pake ndi mtengo wa sopo kugolosale: polemba n'chimodzimodzi, koma si mawu amodzi. Mbira yoimba ndi Chishona. Pachichewa choimbira chimenechi timati sansi, ena amati kalimba. Atate anga sindinawamvepo akutchula sansi kuti mbira, ngakhale anakhala ku Rhodesia zaka zoposa 20.

Iwe sudziwa kuti ine ndinabadwira ku Harare, nthawi imeneyo mzinda ukutchedwa Salisbury, ndipo dzina loti Harare linali la komboni yathu, imene lero amati Mbare. Atate ankagwira ntchito yophika kwa mzungu. Ife a ku Nyasaland ankatinena kuti mabhurandaya, kutanthauza anthu a ku Blantyre, ngakhale iwe kwanu kukhale ku Dedza kapena ku Nkhotakota. Nyumba yoyandikana nafe kunali banja la Chizezuru, gulu lina la Ashona. Usiku wina, ndili ndi zaka ngati 9, kunayamba kulira chinthu chimene sindinachimvepo, ngati madzi akugwera m'mtsuko, osaleka, pamwamba pake maseche a zikho amene iwo amati hosho. Amayi anati kuli bira, mwambo woitana mizimu ya makolo, ndipo amachezera usiku wonse mpaka mzimu utagwira munthu n'kulankhula. Atate anali mkulu wa mpingo, anatiletseratu kupondako, paja amishoni ankati n'zachikunja. Ine ndinatulukira pawindo. Ndinaona amuna awiri atakhala pansi, manja ali m'zipanda zikuluzikulu zodulidwa pakati, iwo amati deze, m'mphepete atamangiriramo zitsekerero za mabotolo kuti zizinjenjemera. Choimbiracho sunkachiona, unkangoona mapewa akugwedezeka. Ndinakwapulidwa m'mawa mwake, koma kulira kumene kuja mpaka lero ndikatseka maso ndimakumva.

Imeneyo ndiyo amati mbira dzavadzimu, ya mizimu. Ili ndi mano achitsulo 22 mpaka 28, amaimba ndi zala zamanthu zonse ziwiri ndi chamkombaphala cha kumanja, chimene chimakola mano kuchokera pansi. Thabwa lake amakonda kusema la mtengo umene iwo amati mubvamaropa, wotuluka magazi. Ndi mlombwa wathu womwewu, umene chitseko cha nyumba ino chinapangidwira. Kwa Ashona mawu oti mbira amatanthauza choimbira chonse, amatanthauzanso mano akewo, ndiponso nyimbo zake. Ndipo ndi akale. Wansembe wa Chipwitikizi, João dos Santos, amene anafika ku Sofala mu 1586, analemba za choimbira chimene anthu a kumeneko ankachitcha ambira. Kummwera kwa Mozambique, Achopi a ku Zavala ali ndi mbila, zambiri amati timbila, koma zawozo ndi zamatabwa zoimba ndi timitengo, zofanana ndi valimba ya kuchigwa cha Shire kapena mangolongondo a Ayao. Ndiye ukuona kuti mawu oimbirawa ali ndi mtundu wawo, ayenda njira yawo ya kumunsi kwa Zambezi, osakhudzana ndi kanyama ka m'phiri. Wina akadzakuuza kuti anaitcha mbira chifukwa imalira ngati kanyamako, umufunse ngati anakamvapo kakulira. Kamakuwa ngati chitseko chadzimbiri.

Tsopano ndikupemphe chinthu. Ukapita kusukulu ukawerenge mano a mbira yanuyo. Ukapeza 15, dziwa kuti si ya mizimu ija. Imeneyo amati nyunga nyunga, dzina lina karimba, ndipo ukulimva dzinalo, ndi kalimba yemweyu. Inachokera kudera la Tete, kwa Anyungwe, anansi athu, kungodutsa malire a ku Mwanza kapena a kuno ku Dedza. Munthu wina dzina lake Jeke Tapera ndiye anapita nayo ku Bulawayo, n'kuyamba kuiphunzitsa pa sukulu ya nyimbo ya Kwanongoma cha m'ma 1960. Poti njosavuta kuphunzira, inalowa m'masukulu. Dumisani Maraire, amene anaphunzira pomwepo, anapita nayo ku Seattle ku America mu 1968, ndipo kuchokera pamenepo inafalikira maiko a azungu itavala dzina loti mbira. Mzungu wina, Hugh Tracey, amene anayenda kuno akujambula nyimbo za m'midzi, anayamba kupanga zake zogulitsa ku South Africa m'ma 1950 n'kuzitcha kalimba. Zija mumaziona m'masitolo ndi pa intaneti n'zidzukulu za imeneyo.

Chimene chimandiwawa n'chakuti dzina la Ashona lamveka dziko lonse, lathu lagona. Iwo anali ndi anthu ngati Thomas Mapfumo, amene anatenga kaimbidwe ka mbira n'kukaika pa gitala nthawi ya nkhondo yawo ya ufulu, ndi Stella Chiweshe, mayi amene analimba mtima kuimba chinthu chimene ankati n'cha amuna. Ife sansi tinamusiyira nkhalamba ndi anthu oyenda maulendo ataliatali, oimba okha panjira kuti mtunda ufupike. Agogo a amayi ako anali naye mmodzi, mano ake osula kuchokera ku masipoko a njinga, ankaimba madzulo pakhonde akatopa kumunda. Atamwalira ana anaseweretsa mpaka anathyoka, ine ndemwe ndinali mphunzitsi sindinaganize zomusunga. Mu 2020 bungwe la UNESCO linalemba luso limeneli m'kaundula wa chikhalidwe cha anthu a dziko lonse, ndipo analemba maina onse awiri, mbira ndi sansi, maiko onse awiri, Malawi ndi Zimbabwe. Gule wamkulu ndi timbila za Achopi zinalemekezedwa kale mu 2005. Ndiye mphunzitsi wako akadzanenanso kuti ichi n'cha ku Zimbabwe, ukweze dzanja mwaulemu, unene kuti kwathunso chiliko ndipo timati sansi.

Kunena za pa Khirisimasi, agogo ako ali pano akumva, akuti ndikuuze kuti zinayi zija asankha kale, ndipo yoyera ya banga pamphuno saipha chifukwa ili ndi bere. Akuti ukafuna aitche dzina lako. Ndimuuza mnyamata wa kuseriyu aijambule mawa kukawala, akutumizire. Mano aja ukawerenge, undiuze.