Sitima Yomwe Inamira ndi Anthu Ambiri Kuposa Titanic

Funso: Akonzi, mwana wanga akuti pali sitima yapamadzi yomwe inamira ndi anthu ambiri kuposa Titanic. Kodi n'zoona?

Yankho: Mwanayo akunena zoona, mayi. Pa Titanic panafa anthu pafupifupi 1,500. Koma pa 30 Januwale 1945, sitima ya ku Germany yotchedwa Wilhelm Gustloff inanyamuka ku Gotenhafen, komwe lero ndi Gdynia ku Poland, itadzaza anthu othawa nkhondo pamodzi ndi asilikali ovulala. Usiku womwewo, pa nyanja ya Baltic, sitima yoyenda pansi pa madzi ya Soviet Union, S-13, inaiphulitsa ndi mabomba atatu.

Anthu pafupifupi 9,000 anafa, ambiri mwa iwo amayi ndi ana. Chimandiwawa kwambiri n'chakuti maboti ena opulumukirapo analephera kutsitsidwa chifukwa anali atamatirira ndi madzi oundana.