Koleji ya uphunzitsi yatsopano: ndilipire fizi kapena ndidikire?

Bambo wina wa kwa Kamwendo ku Mchinji watifunsa kuti: "Mwana wanga wamkazi anakhoza MSCE koma dzina lake silinatuluke ku koleji ya aphunzitsi (TTC) ya boma. Kuno kwatsegulidwa koleji ina ya uphunzitsi, akuti ndi yolembetsedwa ndipo ili pansi pa yunivesite ya ku Zambia. Soya ndagulitsa, ndalama ili m'manja. Ndilipire?"

Bambo, ndalamayo igone kaye. Pitani ku ofesi ya kolejiyo mukafunse funso limodzi: mwanayu akamaliza, satifiketi adzamupatsa ndani?

Ngati akufuna kudzaphunzitsa ku pulayimale, njira yodziwika ndi boma ndi ya IPTE, maphunziro a zaka 2 omwe amachitika m'makoleji monga Kasungu TTC ndi Mchinji TTC yatsopanoyi. Wophunzira amakhala nthawi ina ku koleji, nthawi ina ku sukulu ya pulayimale kuphunzitsa moyang'aniridwa, kenako amalemba mayeso a MANEB. Satifiketi yake imachokera ku MANEB, osati kwa mwini koleji. Makoleji omwe si aboma koma ndi ovomerezeka alipo ndithu, monga a DAPP ku Dowa ndi Loudon ku Embangweni, ndipo ophunzira awo amadutsa pa mayeso omwewo. Choncho afunseni ngati unduna wa zamaphunziro, kudzera ku DTED, nthambi yake yoona za maphunziro a aphunzitsi, unawalola kuphunzitsa IPTE, ndiponso nambala yawo ya senta ku MANEB. Akayamba kukanda m'mutu kapena kunena kuti "mapepala ali m'njira", mwamva yankho.

Chenjerani ndi chikalata chomwe amachiika m'felemu kuseri kwa tebulo la alembi. Chiwerengeni pafupi, musachite manyazi. Nthawi zambiri chimakhala cha kwa Registrar General, chosonyeza kuti bizinesi inalembetsedwa. Chikalata chotere ngakhale wogaya chimanga ali nacho, ndipo sichinena kanthu za kuphunzitsa aphunzitsi.

Ngati akulonjeza dipuloma kapena digiri yophunzitsira ku sekondale, monga zimene amapereka ku makoleji a Domasi ndi Nalikule, ndiye nkhaniyo ili m'manja mwa National Council for Higher Education, NCHE, bungwe lokhazikitsidwa ndi lamulo la 2011. Apa ndi pomwe makolo ambiri amapusitsika, chifukwa NCHE imachita zinthu ziwiri zosiyana. Kulembetsa koleji ndi kuilola kuti itsegule zitseko. Kuvomereza maphunziro kumabwera pambuyo, akayendera n'kuona aphunzitsi, laibulale, makalasi ndi zomwe zikuphunzitsidwazo, ndipo amavomereza pulogalamu iliyonse payokha. Koleji ikhoza kukhala yovomerezeka pa maphunziro a zamalonda koma osati pa a uphunzitsi. Mndandanda wa NCHE umapezeka pa intaneti ndipo umatulukanso m'nyuzipepala. Fufuzani dzina la koleji, dzina la pulogalamu, ndi malo omwe akuphunzitsirawo.

Tibwere ku yunivesite ya ku Zambia. Kukhala pansi pa yunivesite ina si kulakwa, koma pamayenera kukhala mgwirizano wolembedwa, wotchula pulogalamu yake, amene akonze ndi kuchonga mayeso, ndi amene asaine satifiketi. Pemphani kope lake, kenako lemberani kalata kwa rejisitala wa yunivesiteyo kuti atsimikize yekha. Kuti Chipata ndi pafupi sizisintha kanthu: pepala lochokera kunja limafunika kuti NCHE iliunike, ndipo koleji yomwe ikuphunzitsira pa nthaka ya Malawi imafunikabe chilolezo cha kuno.

Ndikuumirira chonchi chifukwa mwanayu adzafunika kulembetsa ku Teachers Council of Malawi, bungwe lomwe linabwera ndi lamulo la zamaphunziro la 2013 ndipo limapereka ziphaso kwa aphunzitsi. Iwo adzayang'ana komwe pepala lachokera, chimodzimodzinso olemba ntchito m'boma. Tanena za boma, dziwaninso kuti ngakhale omaliza IPTE m'makoleji ake enieni akhala akudikira zaka asanalembedwe, ndiye aliyense wokulonjezani kuti "ntchito ndi yachidziwikire" akungofuna fizi.

Sabata ino dutsani pa ofesi ya zamaphunziro pa boma la Mchinji ndi dzina la kolejiyo, mufunsenso nthawi yomwe unduna ulengeze malo a gulu lotsatira la IPTE. Ngati magiredi a Chingerezi, masamu kapena sayansi ndiwo anamugwetsa, gawo la ndalama ya soyayo lingamulipirire kubwereza MSCE. Mukatsimikiza kuti kolejiyo ndi yovomerezeka, lipirani kudzera ku akaunti ya banki ya koleji, teremu imodzi yokha kaye, ndipo risiti muisunge.